Anoli: chiphunzitso chopeka chimene chimalemekeza mkangano kuposa mgwirizano

Moni nonse amene mukutionera. Ndikulankhula nanu kuchokera kuno ku Mzuzu, kumene mvula yamawawa yatigwira kuyambira m'mamawa, moti mukamva malata akulira mundikhululukire. Lero ndikufotokozerani chiphunzitso cha Anoli, anthu amene amakhulupirira kuti mudzi umene anthu ake asiya kukangana ndiye kuti wayamba kufa. Ngati n'koyamba kufika pa tchanelo chino, dinani batani lolembetsa tisanapite patali.

Zoyambira ndizidutsa mofulumira. Anoli kulibe padziko pano, ndinawapeka ndine m'nthano yaitali imene ndikulemba. Amakhala mumzinda wa pamwamba pa phiri, ndipo dzina lawo likuchokera ku mawu oti kunola, chifukwa amati maganizo a munthu ali ngati chikwanje, chimene sichithwa pokhapokha chikakhulana ndi mwala. Baibulo nalonso lili ndi mawu ofanana nawo pa Miyambo 27:17, pamene pamanena za chitsulo chonola chitsulo chinzake.

Lamulo lawo loyamba ndi lakuti bwalo likagwirizana pa nkhani popanda wotsutsa ngakhale mmodzi, chigamulocho sichigwira ntchito, ndipo mfumu imabalalitsa anthu kuti akaganize bwino n'kubweranso mawa.

Lachiwiri ndi la ukwati. Ankhoswe asanavomereze banja amafunsa mnyamata ndi mtsikana kuti anakanganapo za chiyani, ndipo anathetsa bwanji. Akayankha kuti sanayambanepo n'kamodzi komwe, ankhoswe amawabweza, chifukwa amaona kuti mmodzi mwa awiriwo akubisa mawu ake.

Lachitatu ndi lalifupi: wotukula dzanja pa mnzake wagonja, ndipo saloledwa kulankhula pabwalo kwa chaka chathunthu.

Tsopano ndifike pa bodza limene limandiwawa mumtima. Nditangotchula za Anoli m'vidiyo yapita ija, ambiri mwa inu munandifunsa ngati amenewa ndiwo anthu oipa a m'nthanoyi. Funsoli likuchokera ku chizolowezi chathu chosakaniza mkangano ndi ndewu, ngati kuti aliyense wonena kuti ayi ndiye kuti wanyamula mpeni. Ndikukana kwamtuwagalu. Ndewu imafuna kuti mnzako atseke pakamwa, pamene mkangano umafuna kuti mnzakoyo akhalepo ndipo ayankhe, apo ayi palibe chokunola.

Kusiyanitsa kumeneku si kwanga. Wandakatulo wa ku Greece wotchedwa Hesiod, amene anakhalako cha m'ma 700 Yesu asanabadwe, analemba kuti Eris, mulungu wamkazi wa mikangano, si mmodzi koma alipo awiri. Wina ndi wobweretsa nkhondo, koma winayo ndi amene amadzutsa munthu waulesi akaona mnzake akulima ndi kumanga, n'kuchititsa woumba mbiya kupikisana ndi woumba mnzake. Patapita zaka pafupifupi 200, katswiri wa nzeru Heraclitus wa ku Ephesus anafika mpaka podzudzula wandakatulo wina wotchuka, Homer, chifukwa cholakalaka kuti mikangano ithe pakati pa milungu ndi anthu. Heraclitus anapereka chitsanzo cha uta ndi zeze. Taganizirani bangwe kapena kaligo: nsambo imakokera kwake, thabwa nalo limakana, ndipo nyimbo imatuluka chifukwa cha kukokanako. Mukamasula nsambo kuti zonse zikhale pamtendere, chatsala m'manja mwanu ndi thabwa ndi waya basi.

Wina anganene kuti zimenezo ndi za anthu akale a kutali. Mpingo wa Katolika, umene palibe angaunene kuti umakonda chisokonezo, unakhazikitsa mu 1587 udindo wa munthu amene ntchito yake inali kutsutsa ndi kufukula zolakwa za aliyense amene ankafuna kumulengeza kuti ndi woyera, ndipo anthu anamupatsa dzina loti loya wa Satana. Udindowu unachepetsedwa mphamvu mu 1983, koma kwa zaka pafupifupi 400 mpingo unkasunga munthu wonena kuti ayi.

Nanga ife kuno kwathu? Amene munakula nthawi ya chipani chimodzi mukukumbukira nsanamira zinayi zija: umodzi, kukhulupirika, kumvera ndi kusunga mwambo. Dziko linali chete, ndipo alendo ankatiyamikira chifukwa cha bata, pamene anthu ankanong'onezana m'nyumba atatseka mawindo. Kalata ya maepiskopi imene inawerengedwa m'matchalitchi pa 8 Malichi 1992 inali kutsutsa, ndipo Chakufwa Chihana, mwana wa kuno kumpoto, anamangidwa mwezi wotsatira atangotsika ndege. Pa 14 Juni 1993 anthu anapatsidwa tambala wakuda wa chipani chimodzi ndi nyali ya zipani zambiri kuti asankhepo, ndipo anasankha nyali. Ufulu umene ndikulankhulira pa kamera ino unabadwa mwa anthu amene anakana kugwedezera mutu.

Lamulo loyamba lija ndinalitola pafupi kwambiri. Ndinali mu banki m'khonde ina kuno ku Chibavi, ndipo tsiku lina tinakhala pamphasa kukambirana zobwereketsa ndalama zambiri kwa membala mmodzi wopanda chikole. Wapampando atafunsa ngati pali wotsutsa, tonse tinayang'ana pansi, mayi wina akusewera ndi mfundo ya chitenje chake, ine ndikutembenuza foni m'manja. Tinawomba m'manja. Koma titangotuluka pachipata, aliyense anayamba kunena kuti ndalamazo sizibwerera, ndipo sizinabwereredi. Tonse tinkadziwa, koma palibe amene anafuna kutchedwa wosokoneza. Timakonda kunena kuti mutu umodzi susenza denga, ndipo ndi zoona, koma mitu khumi imene ikungovomereza zonena za mutu umodzi ikadali mutu umodzi womwewo. Ngati zoterezi zinakuchitikiranipo kutchalitchi, kuntchito kapena pamaliro, ndilembereni m'munsimu, ndimawerenga zonse.

Lamulo lachinayi ndinatsala pang'ono kuliiwala, ndipo ndi lokhudza ana. Mwana wa Anoli amayesedwa wamkulu tsiku limene watsutsa agogo ake pabwalo mwaulemu, atagwada monga mwa mwambo, n'kuwachititsa kusintha maganizo.

Kwa inu amene mukulemba nthano zanu, ndikupemphani chinthu chimodzi. Chiphunzitso chimene mwapeka chikhale ndi mtengo wake wowawa, apo ayi owerenga sachikhulupirira. Anoli amachedwa pa chilichonse. M'mutu wachisanu wa nthanoyi moto ukubuka kunkhokwe za mzinda usiku, ndipo akuluakulu akutsutsana ngati ayambe kupulumutsa chimanga kapena nyumba zoyandikana nazo, pamene mtsikana wina amene analandidwa ufulu wolankhula chifukwa chomenya mchimwene wake ndi yekhayo akudziwa kumene kuli madzi. Lamulo likumuletsa kutsegula pakamwa. Mutu umenewo ndidzauwerenga wonse m'vidiyo ya Loweruka, choncho dinani kabelu kaja kuti isakuphonyeni, ndipo vidiyo ino muitumize pa WhatsApp kwa anzanu a m'gulu lanu la banki m'khonde.