Makalata anu: kamera yogwedezeka ya Jonas Mekas

Takulandiraninso omvera athu. Kalata yoyamba yachokera ku Zomba, kwa mayi wina wophunzitsa kusekondale. Akuti: "Sabata yatha munatchula Jonas Mekas. Ndinasaka mafilimu ake pa intaneti, koma zithunzi zikungogwedezeka, zikudumphadumpha, nkhani yake sikuoneka mutu. Kodi limeneli ndi luso, kapena bamboyo sankadziwa kugwira kamera?"

Zikomo mayi, funso lanu landikhudza. Kamera ankaidziwa bwino, ndipo kugwedezekako kunali kwadala. Mekas anabadwa mu 1922 m'mudzi wina waung'ono ku Lithuania. Nkhondo yachiwiri yapadziko lonse itafika povuta, mu 1944 iye ndi mng'ono wake Adolfas anathawa kwawo, koma anagwidwa n'kukaikidwa pantchito yakalavulagaga ku Elmshorn, ku Germany. Atakhala zaka zingapo m'misasa ya othawa kwawo, anafika ku New York mu 1949. Pasanapite nthawi anakongola ndalama n'kugula kamera ya Bolex, yoyenda ndi sipuling'i yopukusa pamanja. Mukaipukusa kamodzi imajambula masekondi osakwana 30.

Munthu amene walandidwa mudzi, mayi, sakumbukira zinthu mwandondomeko. Amakumbukira chidutswa apa, chidutswa apo: nkhope ya mnzake, chipale chofewa pamsewu, ana akusewera. Mekas ankajambula momwemo tsiku ndi tsiku, nthawi zina kachithunzi kamodzikamodzi, ngati munthu wolemba m'kabuku zimene wakumana nazo. Kenako ankaikamo mawu akeake, akulankhula pang'onopang'ono.

Ndikupempheni muyambe ndi filimu yake yotchedwa Reminiscences of a Journey to Lithuania ya mu 1972. M'menemo akubwerera kumudzi patatha zaka 27, n'kupeza mayi ake atakalamba pakhomo. Ine nditaonera ndinakhala duu kwa kanthawi. Aliyense amene ali ndi m'bale anapita ku Joni n'kukhalitsa aimva filimu imeneyo ngakhale Chingerezi chitamudutsa.

Kalata yachiwiri ndi ya mnyamata wa ku Mchinji: "Ndimajambula ndi foni kumsika ndi kumaliro. Kodi mafilimu otere amaonetsedwa kuti, popeza makampani akuluakulu sangawagule?"

Achimwene, Mekas naye anakumana ndi vuto lomwelo. Iye ndi anzake anayambitsa bungwe la Film-Makers' Cooperative mu 1962 kuti azibwereketsa okha mafilimu awo, ndipo mu 1970 anatsegula Anthology Film Archives, malo osungira ndi kuonetsera mafilimu otere, omwe alipo mpaka lero ku New York. Mu 2007, ali ndi zaka zoposa 80, ankaika kafilimu kamodzi pa intaneti tsiku lililonse kwa chaka chathunthu. Anamwalira mu 2019.

Pezani anzanu atatu kapena anayi, mubwereke kalasi madzulo, muonetse. Koma za kumaliroko, muziyamba mwapempha eni maliro musanatulutse foniyo. Mutilemberenso mukaonetsa koyamba, tidzawerenge kalata yanu pompano.