Munda wotsetsereka kwambiri ndi uti?

Zikomo amfumu potilola kukumana pabwalo pano. Amayi ndi abambo, tisanapite kukaika akalozera, mizere ikuluikulu yopingasa munda yotchinga madzi a mvula, ndili ndi funso. Pali minda iwiri. Woyamba ndi wa mamita 40 kuchokera kumtunda kufika kumunsi, ndipo nthaka yatsika mamita 2. Wachiwiri ndi wa mamita 10 okha, nthaka yatsika mita imodzi. Wotsetsereka kwambiri ndi uti?

Ndikumva ambiri mukuti woyambawo, poti 2 amaposa 1. Apa ndiye pamene timasocherera, ndipo zigwembe zambiri zimayambira pomwepa. Madzi a mvula amathamanga malinga ndi mmene nthaka ikutsikira pa phazi lililonse. Ndiye tengani kutsikako mugawe ndi kutalika. Munda woyamba, 2 pa 40, ndiye kuti muyende mamita 20 kuti mutsike mita imodzi. Wachiwiri mungoyenda mamita 10, mwatsika kale mita yonse. Tikayerekeza pa mamita 100, woyamba watsika 5, wachiwiri 10. Kamunda kakang'onoko ndi kamene kakutsetsereka kuwirikiza kawiri.

Mwina 10 mukumuona wochepa. Njira yokwerera njinga za olumala pakhomo la chipatala, amisiri amayenera kuimanga mosapitirira 1 pa 12, ndiye pafupifupi 8 pa 100. Kamunda kaja kaposa pamenepo.

Kuyeza kwake nkosavuta. Ndodo ziwiri zofanana izi tazilemba chizindikiro pamalo amodzi. Chingwechi ndi cha mamita 10, ndipo pakati tapachika kalevulo, kachipangizo kokhala ndi kathovu koonetsa ngati chingwe sichinapendekeke. Mmodzi aime kumtunda, chingwe chili pachizindikiro. Wakumunsi azikweza chingwe pang'onopang'ono pandodo yake mpaka kathovu aka kakhale pakati penipeni. Chonde chingwe chikhale chokoka. Chikalendewera, levuloyo akunamizani. Kenako yezani kuchokera pachizindikiro kufika pomwe chingwe chaima. Masentimita 10 alionse ndi 1 pa 100. Mukapeza masentimita 50, ndi 5. Mukapeza mita yathunthu, ndi 10.

Muyeze malo angapo, chifukwa munda umodzi umatha kukhala wa chidikha kumunsi koma wophedukira kumtunda. Pomwe nambala yakula, akalozera ayandikane, ndipo udzu wa vetiva tiyambire kubzala pomwepo.

Mayi, ndaona dzanja lanu, mufunse tikafika kumunda. Anyamata awiri anyamule ndodozi, tiyambe ndi munda uli kuseri kwa mjigo.