Mawu a M'mawa: Nsanja ya Paul Reichmann ndi Mtengo Wake

Mwadzuka bwanji abale ndi alongo. Tiwerenge Luka 14:28-30, pamene Ambuye Yesu akufunsa ngati alipo munthu wofuna kumanga nsanja amene sayamba wakhala pansi kuwerengera mtengo wake.

Chitsanzo chathu ndi Paul Reichmann, womanga nsanja zikuluzikulu, amene anabadwira ku Vienna, m'dziko la Austria, mu 1930, m'banja la Ayuda osunga chilamulo. Chipani cha Nazi chitalanda Austria mu 1938, banjali linathawira ku Paris, kenako ku Tangier, m'dziko la Morocco. Kumeneko mayi ake, a Renée, ankalongedza zakudya n'kumatumiza kwa Ayuda otsekeredwa m'ndende za Nazi. Paul anakula akuona kuti wothawa nkhondo nayenso amapereka.

M'zaka za m'ma 1950 anasamukira ku Canada, nayamba ndi abale ake malonda a matailosi. Atafuna nyumba yosungiramo katundu ku Toronto, mitengo ya makontirakitala inawakulira, ndiye anaimanga okha motsika mtengo. Apa ndi pamene panaphukira kampani ya Olympia & York, imene mu 1975 inamaliza First Canadian Place, nsanja yosanjikizana ka 72.

Chimene amisiri ankadabwa nacho n'chakuti Lachisanu dzuwa lisanalowe ntchito yonse inkaima, mpaka Loweruka kutada, ndiponso pa maholide a Chiyuda. Odziwa zomangamanga akudziwa kulemera kwake kwa zimenezi. Makina obwereka amalipiridwa ngakhale ali chiimire. Chiwongoladzanja cha banki sichidziwa Sabata. Konkire ukayamba kuthira sulekeza pakati, choncho ndondomeko ya sabata yonse iyenera kukonzedwa kuti Lachisanu masana pasatsale chothira. Paul anasenza mtengo umenewu zaka zonse. Pa Eksodo 35 Mose anayamba wakumbutsa anthu za Sabata asanafotokoze za kumanga chihema, ndipo aphunzitsi a Chiyuda amati ngakhale nyumba ya Mulungu imadikira tsiku lopumula. Paul anaperekanso ndalama zambiri kumasukulu a Torah (chilamulo cha Mose) ndi masunagoge ku Canada, ku Israel ndi kwina, kawirikawiri mosaimba lipenga.

Tsono mvetserani bwino, pakuti apa ndi pamene ambiri timapunthwa. Munthu woopa Mulungu chotere anagwa.

Mu 1987 anatenga ntchito yomanga Canary Wharf, dera la maofesi padoko lakale kum'mawa kwa London. Nsanja yaikulu, One Canada Square, yosanjikizana ka 50, inatha mu 1991. Koma zinthu zinasokonekera motsatizana. Anamanga maofesi ochuluka asanapeze alendi okwanira olowamo. Mayendedwe anali ovuta: sitima yaing'ono ya Docklands Light Railway sinkatha kunyamula khamu la ogwira ntchito, ndipo njanji yapansi panthaka ya Jubilee, imene kampaniyo inalonjeza kuikapo mapaundi 400 miliyoni, inadzafika mu 1999. Chuma cha Britain chinalowa pansi, maofesi ambiri mu London anali opanda anthu. Choopsa koposa, mbali ina ya ntchito yofuna zaka zambiri kuti ibweze ndalama ankailipira ndi ngongole zobweza m'miyezi yochepa, ndipo nyumba zake za ku Toronto ndi New York zinali zitasenza kale ngongole. Obwereketsa atachita mantha n'kuyamba kufuna zawo, chingwe chimodzi chinakoka zonse. Mu Meyi 1992 Olympia & York inagwa ndi ngongole pafupifupi madola 20 biliyoni. Miyambo 22:7 sinama: wokongola ndi kapolo wa womukongoza.

Ndimamva chisoni ndi abale amene amaganiza kuti chakhumi ndi pemphero zimalowa m'malo mwa masamu. Ayi ndithu. Amene ananena kuti tipemphe ndi yemweyo amene anati tikhale pansi tiwerengere. Kumvera Mulungu pa Sabata sikunafupikitse njanji, sikunadzaze maofesi. Musanakumbe maziko, kaya ndi nyumba ya lendi ya zipinda zitatu, lembani mtengo wa simenti, njerwa, malata ndi amisiri, muonjezerepo ya zogwa mwadzidzidzi. Funsani ngati msewu ndi madzi zafika pamalopo, ndi amene adzalowemo. Ngongole yofunika kubweza mawa musamangire chinthu chodzabala patapita zaka zisanu, ndipo nyumba imene ana anu akugonamo musaiike chikole cha maloto atsopano.

Koma musamuweruze msanga bamboyu. Atagwa sanasiye Sabata, ndipo ophunzira amene anawathandiza palibe banki imene inawalanda maphunziro awo. Mu 1995 iye ndi anzake ena a ndalama anagulanso Canary Wharf, sitima ya Jubilee inafika, mabanki akuluakulu anasamukirako. Anamwalira ku Toronto pa 25 Okutobala 2013, ali ndi zaka 83.

Tipemphere: Atate, tipatseni mtima woimitsa ntchito pamene Inu mwati tipumule, dzanja lotsegukira osowa, ndi kuleza mtima koti tikhale pansi ndi cholembera tisanagule thumba loyamba la simenti. M'dzina la Yesu, Ameni.