Makalata a Omvera: "Apilo ya mwana wanga aitaya"

Sabata ino makalata angapo akulira chinthu chimodzi, ndiye ndiyambe ndi ya mayi wa ku Lobi. Akuti: "Mwana wanga anamugamula zaka 4 kwa majisitireti. Anachita apilo, anatuluka pa belo, kenako anapita ku Joni kukasaka ndalama za loya. Tamva kuti apiloyo aitaya chifukwa sanaoneke kukhoti. Kodi ndiye kuti mlandu watha?"

Mayi, pepani, sunathe ayi. Apilo ikatayidwa, chigamulo choyamba chija chimakhala chilipobe, belo imathera pomwepo, ndipo zaka zija zikumudikira. Khoti silinanene kuti zifukwa zake ndi zopanda pake. Langoona kuti mwini apilo sakuilondola. Koma inunso mayi, munamulola bwanji kuwoloka malire ali pa belo?

Mvetserani nonse, chifukwa ambiri mukugwera apa. Majisitireti akagamula, muli ndi masiku 10 oti mudziwitse khoti kuti muchita apilo. Mukalandira chikalata cha chigamulo, muli ndi masiku 30 oti mupereke zifukwa zanu molemba: woweruza analakwitsa pati, kapena chilango chakula motani. Ya ku Dedza kuno imakamvedwa ku High Court ku Lilongwe. Mapepala akalowa, ntchito yangoyamba kumene. Lembani nambala ya mlandu m'kope. Muzikafunsa kwa kalaliki wa khoti ngati fayilo yatumizidwa ndiponso ngati tsiku laikidwa. Mukasintha foni kapena mudzi, kauzeni khoti, chifukwa uthenga wa tsiku umapita komwe munalembetsa. Apilo ili ngati dimba la kachewere, abale anga. Wobzala n'kupita kukacheza ku Joni asadabwe akapeza zouma zokhazokha.

Chotsala, mayi, ndi ichi: mwanayo abwere, asabisale. Apite ku Legal Aid Bureau, komwe amathandiza osowa ndalama za loya, akapemphe khoti kuti apiloyo ibwezeretsedwe. Pamafunika chifukwa chogwirika, monga chikalata cha kuchipatala kapena umboni woti sanauzidwe tsiku. Kuvomera kuli m'manja mwa woweruza, ndipo ndisakunamizeni, nkhani ya ulendo wa ku Joni idzamuvuta kuifotokoza.

Bambo wa ku Lizulu, mukuti mchimwene wanu ali m'ndende, achita bwanji apilo? Apereke mapepala ake kwa mkulu wa ndendeyo, ndiye amawatumiza kukhoti. Inu kunja kuno muzilondola.

Achemwali a ku Bembeke, masiku 10 anadutsa, inde, koma khoti litha kulandira apilo yochedwa mukafotokoza bwino chomwe chinakuchedwetsani. Musaonjezerenso sabata ina.

Agogo a ku Golomoti, mdzukulu wanu anavomera yekha mlandu, choncho apilo yake ikhudze kukula kwa chilango.