Makalata a Omvera: Za Mkulu Uja Wopanga Zida za James Bond

Moni omvera nonse kulikonse kumene muli. Makalata a sabata ino achuluka, ndipo ambiri akukamba za munthu mmodzi amene ndinangomutchula mwachidule m'pulogalamu yathu yapita, mkulu wa imvi uja amene ankapatsa James Bond zida zodabwitsa, wodziwika ndi dzina lakuti Q.

Bambo ena a ku Balaka akufunsa ngati mkuluyu adakali moyo. Ayi bambo, Desmond Llewelyn, amene ankachita gawo la Q m'mafilimu a James Bond, anamwalira pa ngozi ya galimoto ku East Sussex, m'dziko la England, pa 19 Disembala 1999, ali ndi zaka 85. Mayi ena a ku Mzuzu andidzudzula kuti dzinali ndinalitchula ngati ndili ndi mbatata yotentha m'kamwa. Mundikhululukire mayi, koma dzinalo ndi la ku Wales, ndipo ngakhale Angerezi enieniwo lilime limawapindika akafika pa zilembo ziwiri zoyambirirazo.

Kalata imene yandigwira mtima ndi ya mnyamata wina wa ku Zomba. Iye akuti wakhala m'gulu la zisudzo zaka zisanu ndi chimodzi, koma nthawi zonse amapatsidwa gawo la mlonda, la mboni ya kukhoti, kapena la malume amene amangolowa kudzapereka uthenga wa maliro n'kutuluka. Akuti watopa, anzake amamuseka, ndipo akufuna kusiya. Kumapeto walemba kuti, "Kodi munthu angakalambe akuchita timagawo totere osachita manyazi?"

Achimwene, ndawerenga kalata yanu katatu, ndipo yankho langa ndi mbiri ya mkulu yemweyu. Llewelyn anabadwira ku Newport m'chaka cha 1914 ndipo anaphunzira zisudzo ku sukulu ya zisudzo ya RADA mumzinda wa London. Ntchito isanapite patali kunabuka nkhondo yachiwiri ya dziko lonse, iye nalowa usilikali, ndipo mu 1940 anagwidwa ndi Ajeremani n'kukhala mkaidi wa nkhondo zaka zisanu. Atabwerera kwawo anapitiriza ndi timagawo ting'onoting'ono, tofanana ndi timene inu mukudandaula nato. Pamene ankaitanidwa ku filimu ya James Bond ya From Russia with Love mu 1963 anali atayandikira zaka 50, ndipo ntchito yake yonse inali kulowa mu ofesi, kuika chikwama patebulo, kufotokoza mpeni ndi zipolopolo zobisika m'kati mwake, basi n'kutuluka. Kumeneko si kusiyana kwenikweni ndi malume anu a uthenga wa maliro aja.

Chimene chinasintha zinthu chinachitika chaka chotsatira, pa filimu ya Goldfinger. Wotsogolera filimuyo, Guy Hamilton, anamuuza kuti Q sayenera kumulemekeza Bond, chifukwa Bond amatenga zida zimene mkuluyu wazivutikira miyezi yambiri n'kukaziphwanya ngati zidole. Kuyambira pamenepo Llewelyn anayamba kumuyang'ana Bond ngati mphunzitsi wamkulu amene watopa ndi mwana wosamva, ndipo mukaonera pamene akumuonetsa galimoto ya Aston Martin ya mpando wotaya munthu kunja ija, mudzaona nkhope yokwinya, chala cholozera batani, ndi mawu a munthu amene akudziwa kale kuti galimotoyo sidzabwerako yamoyo. Mawu olembedwa anali ochepa, koma iye anapeza munthu wathunthu m'kati mwake. Tsono ndikufunseni achimwene: mlonda wanu uja ali ndi ana angati, wadya chiyani madzulo amenewo, ndipo bwana wake amamuona bwanji? Ngati simunadzifunsepo zimenezi m'zaka zisanu ndi chimodzi, ndiye kuti vuto lina lili ndi inu, ngakhale ndikunena mokukondani.

Mkuluyu anachita gawo la Q m'mafilimu 17 pa zaka 36. Pa amene ankachita gawo la Bond, Sean Connery anabwera n'kupita, George Lazenby anangochita imodzi, Roger Moore ndi Timothy Dalton nawonso anadutsa, mpaka Pierce Brosnan anamupeza ali pomwepo. Anasowa mu Live and Let Die ya 1973 yokha, pa nthawi imene ankaonekanso pa kanema wa ku Britain m'sewero la Follyfoot. Choseketsa n'chakuti mwini wake ankavomera poyera kuti pa moyo wake weniweni zipangizo zamakono zinkamuvuta kwambiri, choncho amene mumavutika ndi foni zanu musadzione otsalira. Sindikubisirani kuti gawoli linalinso ndi mtengo wake, pakuti linamumata kotero kuti anthu ambiri sankathanso kumuona ngati munthu wina aliyense kupatula Q, ndipo kwa katswiri wophunzira bwino zisudzo chimenecho chimawawa.

Pano ndiloleni ndidzudzule tonsefe, chifukwa dandaulo lotere lafika kuno kangapo. Ife tinakulira m'nyumba zoonetsera vidiyo momwe funso loyamba limakhala lakuti ekita ndi uti, ndipo tonse timadziwa kuti ekita safa. Ena onsewo timawaona ngati udzu wa m'mbali mwa msewu. Chizolowezi chimenechi tachitengera m'magulu athu a zisudzo, m'masukulu ndi m'matchalitchi, kumene aliyense akufuna kukhala mfumu kapena mkwati, ndipo wopatsidwa gawo la wantchito amabwera mochedwa pokonzekera, mawu ake osaloweza. Atsogoleri a magulu, inunso muli ndi mlandu, chifukwa mukalemba mayina pa chikwangwani mumaika awiri okha ngati ena aja anangodzera. Mnyamata wa ku Zombayu musamutaye. Mupatseni mpata woti mlonda wakeyo alankhule mawu oti anthu akawakumbukire kunyumba.

Wotsiriza ndi mtsikana wa ku Lilongwe amene akufunsa amene analowa m'malo mwa Llewelyn pa gawo la Q. Anali John Cleese, amene anaoneka koyamba ngati womuthandizira mu The World Is Not Enough, filimu yomaliza ya Llewelyn, yomwe inatuluka patangotsala milungu yochepa kuti ngozi ija ichitike. Mu 2012 gawolo analitenga Ben Whishaw, mnyamata wa magalasi ndi kompyuta. Inu a ku Zomba, ndikudikira kalata yanu yachiwiri, ndipo mundiuze tsiku la sewero lanu lotsatira.