Mmene anthu a ku Albania anatayira ndalama zawo chikomyunizimu chitagwa

Zikomo mafumu athu, amayi ndi abambo nonse. Lero tikambirane za Albania, kadziko kakang'ono ka ku Ulaya koyandikana ndi Greece, tsidya lina la nyanja kuli Italy. Kuyambira 1944 mpaka 1985 ankalamulira kumeneko ndi Enver Hoxha ndipo chikomyunizimu chake chinali chouma zedi, minda ndi ng'ombe zonse za makopaletivi, munthu wamba osaloledwa kukhala ndi galimoto, mu 1967 anatseka matchalitchi ndi mizikiti yomwe.

Ndiye zinthu zitatembenuka mu 1991 makopaletivi aja anawaphwasula, minda kugawira mabanja, koma mafakitale ambiri anatseka ntchito nkutha. Mu Ogasiti chaka chomwecho sitima imodzi yokha, Vlora, inakafika ku Bari ku Italy itasenza anthu pafupifupi 20,000, ena atakakamira pazingwe. Achinyamata amene anapeza maganyu ku Greece ndi ku Italy aja anayamba kutumiza ndalama kwawo.

Apa ndiye mumvetsere bwino. Ndalama zija zinafika m'manja mwa anthu oti moyo wawo wonse sanasungitsepo ndalama kwa munthu wa bizinesi, mabanki aboma nawo anali ochedwetsa zinthu, basi kunabuka makampani monga VEFA, Gjallica, Xhaferri ndi Populli kumati bweretsani ndalama zanu mwezi ukatha mudzatenge chiongoladzanja, moti pofika 1996 ena amalonjeza 30 peresenti pamwezi. Ambiri a iwo analibe malonda enieni ayi, amangotenga za wobwera lero kupatsa wobwera dzulo. Oyambirira analandiradi, ndipo mnzako wapakhomo akagula firiji ndi TV iwe ungakhale pansi? Anthu anagulitsa nyumba, alimi kukusa ziweto kupita nazo kumsika wa ku Tirana kuti akapeze poyambira.

Ine sindinganene kuti anthuwa anali opusa. Chimandipweteka ndi boma la pulezidenti wa nthawiyo Sali Berisha, limaona zonsezi, a bungwe loona za chuma padziko lonse la IMF anachenjeza, koma linachedwa kuchitapo kanthu ndipo anthu amati poti boma lili chete ndiye kuti zili bwino.

Januwale 1997 makampani aja anayamba kugwa motsatizana. Mumzinda wa Vlorë anthu analusa, chipolowe nkufalikira madera ena, nkhokwe za mfuti za asilikali zinathyoledwa, ana ang'onoang'ono kumayenda ndi mfuti mumsewu, anthu pafupifupi 2,000 anafa m'dziko lonse. Mu Epulo kunabwera asilikali akunja motsogozedwa ndi Italy, chipani cha Berisha chinagonja pachisankho iye nkutula pansi udindo mu Julayi, koma mabanja ambiri ndalama zawo sanazionenso.