Bwalo la ufa wa njerwa ku Paris

Zikomo amfumu, zikomo makolo nonse, ndi inu achinyamata mwakhala kutsogoloku. Tsiku lija tikuonera kanema, mmodzi mwa ana athuwa anandifunsa kuti, "Aphunzitsi, bwanji anthu olemera chonchi akusewera tenisi pa dothi ngati ife?" Ndinalisunga funsolo, lero ndabwera kudzaliyankha pamaso pa nonse.

Mpikisano munauona uja ndi wa Roland Garros, ena amati French Open. Umachitikira ku Paris, m'dziko la France, kuyambira kumapeto kwa Meyi mpaka kumayambiriro kwa Juni. Pa mipikisano inayi ikuluikulu ya tenisi padziko lonse, ndi wokhawu umene umaseweredwa pa dothi. Amalowa abambo 128 ndi amayi 128, ndipo kuti munthu anyamule chikho ayenera kupambana kasanu ndi kawiri mosadukiza. Mwini dzinalo sanatchuke ndi tenisi ayi. Roland Garros anali woyendetsa ndege amene anawoloka nyanja ya Mediterranean mu 1913, n'kufera ku nkhondo mu 1918. Bwalo la mpikisanowu, lotchedwa dzina lake, linamangidwa mu 1928.

Tsono tibwere pa dothi lija. Si katondo ayi. Ndi njerwa zowotcha, zonga zomwe timaphula mu uvuni, koma zoperedwa mpaka kusanduka ufa. Ufawo amauwaza pang'ono zedi, pafupifupi mamilimita awiri basi, kungophimba pamwamba. Mutakanda ndi chala mupeza mwala woyera wa laimu wophwanyaphwanya ndi wotsenderedwa bwino, ndipo pansi penipeni pali miyala yoti madzi azilowerera. Bwalo lotere limafuna kulisamala ngati dimba. Seti, kutanthauza chigawo cha masewero, ikatha, antchito amathamangira m'bwalo, ena akukoka ukonde wosalazira ufa, ena akusesa mizere yoyera kuti ionekenso. Amalithiriranso madzi, chifukwa likauma mphepo imaulutsa ufa wonse.

Chimene chimandikoka mtima ine n'chakuti ufa wochepawu ndi umene umalamula masewero. Pa udzu wa ku Wimbledon, mpikisano wa ku England, mpira umathamanga chapansipansi, ndiye wamphamvu akangoumenya kamodzi zatha. Pa dothi mpira ukagwa umachedwa, n'kunjanja m'mwamba, mwina kufika paphewa. Mnzako amapeza mpata woufikira n'kukubwezera. Uumenyanso, aubwezanso, mpaka kakhumi, kamakumi awiri. Wosachedwa kupsa mtima amatha msanga pamenepa. Komanso sungaime mwadzidzidzi ngati pa simenti. Uyenera kutsetsereka, mwendo umodzi utatsogola, n'kumenya mpira pomwe kutsetserekako kukuthera. Akamatuluka m'bwalo, masokosi ali psuu, ena mpaka kumsana.

N'chifukwa chake Pete Sampras wa ku America, amene anatenga zikho zikuluzikulu 14, ku Paris sanapambaneko ngakhale kamodzi. Roger Federer anapambanako kamodzi kokha, mu 2009. Koma Rafael Nadal wa ku Spain, amene anakulira pa mabwalo a dothi ku chilumba cha Mallorca, anatenga chikhochi maulendo 14, kuyambira 2005 mpaka 2022. Pa masewero 116 amene anasewera kumeneko anagonja anayi okha. Ankasewera ndi dzanja lamanzere, akumapotoza mpira kuti uzizungulira kwambiri, ndiye ukagunda ufa uja unkalumpha ngati wachita kuponyedwa ndi legeni.

Inu amayi ndi atsikana, nkhaniyi ndi yanunso. Mu 1956 Althea Gibson anapambana ku Paris, nakhala munthu wakuda woyamba kutenga chimodzi mwa zikho zinayi zija, pa nthawi imene kwawo ku America tsankho linali litafika povuta. Chris Evert anachitenga kasanu ndi kawiri. Iga Świątek wa ku Poland wachitenga kanayi, ndipo amene anapambana mu 2025 ndi Coco Gauff. Kuyambira 2007 mphoto ya amayi ndi ya abambo ndi yofanana. Chimene chimandiwawabe n'chakuti masewero ausiku, amene anthu ambiri amaonera, nthawi zambiri amapatsidwa kwa abambo. Pamenepo sipanakonzeke.

Ndipo musaganize kuti a kuno kummwera kwa Africa sanapondeko. Byron Black wa ku Zimbabwe anapambana masewero a awiriawiri mu 1994, ndipo mu 2002 mng'ono wake Wayne ndi mlongo wawo Cara anatenga chikho cha awiriawiri, mwamuna ndi mkazi. Ana a nyumba imodzi, oleredwa ku Harare.

Pali kanthu kena kamene ndimakakonda. Mpira ukagwa pa ufa uja umasiya chidindo. Pakabuka mkangano woti walowa kapena watuluka, woyimbira amatsika pa mpando wake wautali uja, n'kupita kukawerama pa mzere, n'kuloza chidindocho ndi chala. Nthawi zina wosewera yekha amapita kukayang'ana, akaona kuti mpira wa mnzake wakhudza mzere amafufuta chidindocho ndi phazi, kuvomereza kuti mnzakeyo wapata. Anthu masauzande amawomba m'manja.

Fainolo ya abambo ya 2025 inatenga maola asanu ndi mphindi 29. Carlos Alcaraz anali atagonja maseti awiri oyamba kwa Jannik Sinner, ndipo katatu konse kunangotsala mpira umodzi kuti chikho chipite kwa Sinner. Anaupulumutsa katatu konseko, n'kudzapambana pa seti yachisanu. Meyi akubwerayu tidzaonera limodzi pano, ndipo achinyamata inu ndidzakupemphani kuti kwa mphindi khumi musadzayang'ane mpira, mudzayang'ane mapazi okha. Zikomo amfumu, ndaima pamenepo. Amene ali ndi funso aimike dzanja.